Maungu a Kuseri kwa Fulati

Fungo la fumbi mvula yoyamba ikangodontha limandibwezera ku Doornfontein, pabwalo lomwe linali kuseri kwa fulati yathu. Kale panali fakitale, koma anaigwetsa n'kusiya njerwa zosweka, mabotolo ndi udzu. Anthu a ku Joni ankangodutsapo. Amayi okha, Mngoni wa ku Ntcheu wosapirira kuona nthaka itangogona, ndi amene anaonapo munda.

Anali ndi nthanga za maungu zomanga pakansanza, zomaliza zomwe agogo anawapatsa asanamwalire. Anafuna kuti mbewuyo isathe. Anapita kwa a Phiri, mlonda wa pamalopo, obadwira ku Zimbabwe koma magazi a kwathu, n'kugwada monga timapemphera malo kumudzi. A Phiri analibe ngakhale dothi lodzaza chikhatho, koma anavomera ndi ulemu wonse ngati eniake.

Pofika Januwale maungu anali atayanga pa njerwa zija, maluwa achikasu ali ponseponse, pakati pa kulira kwa mahutala ndi utsi wa nyama yootcha. Lamlungu azimayi a kwathu okhala ku Joubert Park ankabwera kudzathyola nkhwani, n'kucheza mpaka dzuwa kupendeka. Ndinali ndisanawamvepo amayi akuseka chotero, ndipo ndimakusowabe kusekako. Lamulo linali limodzi: dzungu lanthete saliloza ndi chala, limafota. Anafe tinkaloza ndi milomo.

Tsiku lina kunabwera azibambo ovala zipewa zolimba. Anaima pakati pa munda, akuloza uku ndi uku, zala zili pa maungu athu. Ndinathamanga kukanena.

"Asiye, mwanangu," anatero amayi. "Kwawo salima."

Sipanapite nthawi, chigalimoto chokumba chinafika. A Phiri anakwera masitepe, chipewa chili m'manja.

"Pepani amayi. Mabwana akuti pamangidwa mafulati atsopano."

Amayi anatsika n'kuthyola dzungu lalikulu kuposa onse. Atalidula, nthanga zake zinali mphwepwa zokhazokha, zosakhwima. Anakhala nazo m'manja nthawi yaitali, kenako anatiphikira dzungulo. Linali lamadzi, koma palibe anadandaula.

Lero pamalopo pali nyumba yosanja, zovala zili zoyanika m'mawindo. Kwa zaka zambiri ndinkawada azibambo aja, pokhulupirira kuti zala zawo ndizo zinapha mbewu ya agogo. Tsopano ndikudziwa kuti ankaloza podzadutsa khoma. Maunguwo sanawaone n'komwe.