Mapazi a Anthu Pamzere wa Chimanga

"Kamera inakugonetsani kale m'selo, bambo a Chisomo! Simunakhutebe?"

Anakuwa choncho mkazi wanga m'khitchini mwathu ku Armadale, atamva kuti kasiteshoni ka TV ka kuno ku Perth kakufuna zithunzi zanga. Ndinamenya tebulo, kapu n'kugwa. Ndine wamtima wapachala, sindikana.

Kumudzi ndinkajambula za TV. Ndinapanga pulogalamu ya mphindi khumi ndi zisanu: mapazi a anthu pamzere wogula chimanga. Munalibe nkhani, nyimbo, ngakhale nkhope. Mapatapata, ming'alu ya zidendene, fumbi, basi. Inaonetsedwa Lamlungu. Lachiwiri m'mawa anthu awiri anabwera ku ofesi, nati kuli mafunso pang'ono.

Funso linali limodzi: ikutanthauza chiyani, ndipo wakutuma ndani? Ndinati ndi mapazi, munthu aziona yekha. Wamkulu wawo anaionera kanayi, cholembera chili m'manja.

"Ukanatukwana tikanadziwa mlandu wako," anatero. "Koma iwe wakhala chete pa TV. Cheteyo ndiye tikumufuna."

Ndinamuyankha kuti ngati waonamo njala, waiona yekha. Kuyambira tsiku limenelo khutu langa lamanzere silimva.

M'selo tinalimo ambiri, tinkagona chammbali, kutembenuka limodzi. Patatha milungu itatu anandipatsa pepala. Anali atandilembera tanthauzo la pulogalamu yanga, kuti inali yoyamika kuleza mtima kwa anthu. Ndinasaina. Ndinatuluka Lachisanu, ntchito itatha, tepi atatenga.

Mkazi wanga ndi namwino, ndiye anatibweretsa kuno. Ine ndimasambitsa okalamba. Zaka zonsezi palibe wandiletsa kujambula, komabe sindinagwirepo kamera. Kutuluka m'selo n'kosavuta. Dzanja lija linasaina ndi limene linatsalira momwemo.

Mkazi wanga mantha ake ndi oona. Amayi ake ali kumudzi, ndipo zojambula za kuno zimafika kumeneko pafoni. Ndinamuuza kuti ndikapanda kujambula, ndiye kuti pepala lija ndikusainabe. Tinadya osayankhulana.

M'mawa mwake ndinaimika kamera kuseri kwa nyumba, kuloza chingwe pamene mkazi wanga anayanika yunifolomu yake. Mphepo inkaikweza, n'kuisiya. Iye anatuluka ndi tiyi, naima kumanja kwanga, nayang'ana kagalasi ka kamera nthawi yaitali.

"Mwadula mkono wa yunifolomu," anatero. "Isuntheni pang'ono."

Ndinaisuntha.