Ola Limene Ndinasungira Bambo

M'nyumba ya a Mwahara munkanunkha palafini ndi dzimbiri. Inali nyumba yomaliza kumtunda kwa Chilomoni, pamene njira imalowa m'miyala ya phiri la Michiru. Chaka chimenecho chiperoni chinakhalitsa. Nkhungu inkatsika m'mawa n'kukhala pamalata mpaka masana, ndipo zovala pachingwe sizinkauma. Ndinali ndi zaka khumi.

A Mwahara anagwirapo ntchito pafakitale ina ku Makata. Ntchito yawo inali kuyang'ana wotchi ndi kuliza sayirini yolowera ndi yowerukira. Atapuma anagula wotchi yaikulu ya pakhoma, ya chitsulo cholendewera chimene chinkapita uku ndi uku. Pachitseko analemba ndi makala kuti SUKULU YA NTHAWI. Akuluakulu ankati mutu unawasokonekera mkazi wawo atamwalira. Sankalipiritsa. Ife ana tinkapitako tikaweruka, ndipo tinkawatchula aHedi.

Makalasi analipo atatu. M'kalasi yoyamba tinkaphunzira kuwerenga wotchi. M'kalasi yachiwiri tinkatsinzina n'kumawerenga mumtima, mpaka tidziwe tokha kuti mphindi yakwana. Kalasi yachitatu inali yosunga ola. Unkakhala pasimenti, botolo lotsegula lili pakati pa mawondo. Muvi wautali ukachoka pa thwelofu, sunkayenera kuyankhula, kudzikanda kapena kutembenuka mpaka muviwo ubwererenso. AHedi ankati ola limene munthu sanaligwiritse ntchito silitha, limalowa m'botolo. Ankatiyesa. Ankakuitana dzina mwadzidzidzi, kapena kunena kuti amayi ako ali pakhomo ndi chikoti. Ukangotembenuka ankati, "Lataika. Ukayambenso mawa."

Anzanga anatopa nazo n'kubwerera ku mpira. Ine ndinatsala chifukwa cha bambo.

Bambo anga anali kalipentala. Anayamba kudwala m'dzinja, ndipo chiperoni chitafika anali atasiya kudzuka. Benchi yawo inali pansi pa mtengo wa mango itavindikiridwa ndi pepala la pulasitiki, matabwa akuchita nguwi. Kuchipinda kwawo kunkanunkha mankhwala ndi bulangete lachinyezi. Azimayi a kutchalitchi ankabwera kudzaimba motsitsa mawu. Tsiku lina ndinamva azakhali akuuza amayi kuseri kwa bafa kuti bambo safika nyengo yotentha.

Mawa lake ndinafunsa aHedi ngati ola losunga ungapatse munthu wina. Anandiyang'ana nthawi yaitali. Pashelefu yawo panali mabotolo ambiri otseka, odzala fumbi. Sindinkadziwa amene anamusungira.

"Ungapatse," anatero. "Koma likhale lathunthu. Ola lobooka silithandiza munthu."

Mabotolo sankandivuta. Kunyumba kunali timabotolo tofiirira ta mankhwala a chifuwa, totha kale. Ndinkatitsuka pampopi, kukwera nato kumtunda, kukhala pasimenti yozizira mpaka miyendo kuchita dzanzi. Ndikabwerako ndinkakwawira pansi pa bedi la bambo, chakumutu, n'kutsegula pang'onopang'ono. Tsiku lina anandiona.

"Iwe Yohane, ukusakanji pansipo? Mbewa?"

"Ayi, ababa."

"Masiku ano sukuoneka. Wapeza mkazi kumtundako?" Anaseka, kusekako kunasanduka chifuwa. Chitatha anagogoda m'mphepete mwa bedi. "Takhala apa pang'ono."

Ndinakhala. Anaika dzanja pabondo langa, lopepuka ngati phesi la chimanga louma. Koma mtima wanga unali pa wotchi. Ndinkaona kuti ola limenelo likungotha chabe, popanda botolo. Atatsinzina ndinazemba.

Masamu ndinkawadziwa pang'ono. Tsiku lili ndi maola ambiri, ine ndinkabweretsa limodzi. Choncho ndinayamba kujomba kusukulu yeniyeni. Ndinkatuluka ndi yunifolomu, kukhotera kuseri kwa chigayo, n'kukwera. Ndinkasunga maola atatu, nthawi zina anayi. AHedi sanandithamangitse. Ankangondifunditsa thumba pamapewa, n'kukhala pampando wawo kumayang'ana mvula yowaza pazenera.

Linali Lachinayi masana. Muvi wautali unali pa seveni pamene ndinamva mawu a Esinati, mchemwali wanga wamkulu, akuitana panja. Analowa osaodira, mutu uli wonyowa, akupuma wefuwefu.

"Yohane, ababa akukufuna. Akuti ubwere pompano."

Maso anga anali pa wotchi.

"Wagontha kodi? Ndathamanga kuchokera kumusi, galu iwe! Dzuka!"

Anandikoka khutu. Anandimenya pamutu ndi chikhatho. Ndinapana botolo ndi mawondo kuti lisagwe. Ola limenelo linali litapitirira theka, ndipo ngati bambo anafika poipa, ndiye kuti ankalifuna kwambiri kuposa maola ena onse.

Ndipamene aHedi anadzuka pampando. "Mwanawe, pita," anatero. "Lero si mayeso. Pita kwanu."

Koma mawu amenewo anali atawanenapo kale kwa ana ena, kenako n'kuseka kuti ola lataika. Ndinaganiza kuti awa ndi mayeso aakulu. Ndinakhala nji. Iwo anapita pakhoma, anatsegula kagalasi ka wotchi, n'kugwira chitsulo cholendewera chija ndi dzanja. Wotchi inaima. M'nyumbamo munati zii, moti ndinkamva madontho akugwa kuchokera kumalata. Sindinamvepo bata ngati limenelo, ndipo mpaka lero magetsi akathima mwadzidzidzi ndimalimva.

AHedi anaiwala kuti anandiphunzitsa okha kalasi yachiwiri. Ndinatsinzina n'kuyamba kuwerenga mumtima. Esinati anatuluka akulira. Ndinawerenga mphindi zonse zotsalazo, imodziimodzi, osalakwitsa. Zitakwana ndinatseka botolo n'kuthamanga.

Njira inali yoterera. Ndinagwa kawiri, koma botolo silinasweke. Ndisanaone nyumba yathu ndinamva mawu a amayi, mawu amene sindinkadziwa kuti ali nawo. Pakhomo ndinapeza azibambo oyandikana nafe akutulutsa mipando, mipando imene bambo anakhoma okha. Ndinadutsa pakati pa miyendo ya anthu mpaka kuchipinda. Nkhope ya bambo inali isanaphimbidwe. Ndinatsegula botolo pafupi ndi pakamwa pawo n'kuligwedeza. Amalume anandinyamula n'kukandiika panja.

A Mwahara anabwera pamaliro. Sanalowe m'bwalo. Anaima kumsewu pamene anyamata anayala masamba, chipewa chili m'manja. Sabata yotsatira mawu a pachitseko chawo anali atafufutidwa, ndipo sanatsegulenso sukulu. Mvula itayamba, abale awo anabwera kudzawatenga kupita nawo ku Phalombe.

Esinati sanandiyankhule mwezi wathunthu. Titakula ndinamufunsa chimene bambo ankandifunira. Anati sakudziwa. Bambo ankangofunsa kuti Yohane ali kuti, maso ali pachitseko. Anafunsa kanayi.

Ndili mwana ndinkati ndinachedwa panjira, kapena ola linaonongeka pamene wotchi inaimitsidwa. Ndinakwiyira a Mwahara zaka zambiri chifukwa cha dzanja lawo limenelo. Lero ndapitirira zaka zimene bambo anafika. Ndikuona kuti nkhalambayo inaimitsa wotchi yake kuti indimasule, ine n'kukana. M'mabotolo munalibe kanthu, koma maolawo analipo ndithu. Anali a bambo kale. Ndinawachotsa pambali pa bedi lawo n'kukawathera pasimenti ya munthu wina.