Zala za Mayi Thovu

Achemwali anga anayamba kuchapa zovala za anthu ali ndi zaka khumi ndi zinayi, ndipo dzina lawo lenileni anthu analiiwala kalekale. Aliyense amangoti Mayi Thovu. Kwa zaka makumi atatu akhala akuchapa panyumba ina yogona alendo, m'kachipinda kakuseri kokhala ndi mabafa atatu a simenti ndi zenera losatseguka. Ine ndimasita momwemo. Iwo amachapa ali duu, ine ndimasita uku ndikulongolola, moti abwana amati pakamwa pa anthu awiri panapita kwa mmodzi.

Munthu wake ndi wotero. Akakwiya amachapa, akadandaula amachapa. Tsiku limene alamu anga anawathawa n'kukalowa kwa mkazi wina sanagwetse msozi, anangotsitsa makatani a nyumba yonse n'kuwanyika m'madzi. Ndi manja omwewo analera mwana wawo mmodzi yekhayo, wamkazi, mpaka anamaliza sukulu n'kupita kunja kukagwira ntchito yosamalira okalamba. Anakwatiwa konko.

Chaka chatha mwanayo anadwala impso. Poyamba ankabisa, monga achitira ana akakhala kutali. Kenako masana ena anaimba foni tili pantchito, mawu atachepa ngati a kamwana.

"Amayi, bwerani. Anamwino akundisamala ndithu, koma ndikufuna mudzandisambitse inuyo."

Mkamwini anati tikiti agula yekha, ife tingopeza pasipoti.

Fomu ndinalemba ndine. Tinajambulitsa, tinakhala pamabenchi a ku ofesi ya mapasipoti kuyambira m'mawa, tikusendera pang'onopang'ono mpaka tinafika pa tebulo la mtsikana wina wovala magalasi. Patsogolo pake panali kamakina kokhala ndi kagalasi kodindapo zala. Achemwali anaika chala chachikulu, kanayaka kofiira. Anapukuta pansalu, kofiira. Mtsikanayo anati apumire mpweya pachalapo, kenako anati achisisite pachipumi chitole mafuta. Zala zonse khumi zinakanidwa.

Mtsikanayo anawagwira dzanja n'kulitembenuza.

"Mayi, mumagwira ntchito yanji?"

"Ndimachapa."

"Ndi chifukwa chake. Mizere ya m'zala mwanu inafufutika."

Ine mtima unandikwera pomwepo. Ndinati, "Ndiye munthuyu simukumuona? Nkhope ndi iyi, chitupa ndi ichi, mng'ono wake ndine pano. Mukufuna chala chiyankhule?"

Mtsikanayo sanali wamwano, ndisamunamizire. Anatifotokozera kuti njira zilipo ziwiri. Ina ndi kalata ya adokotala imene imapita kwa akuluakulu, ndipo yankho limatenga mwezi kapena kuposa. Yachidule ndi kupumitsa manja masabata awiri, osakhudza sopo kapena mankhwala oyeretsera zovala, kumangodzola mafuta. Anati mizere imabwerera ikapeza mpata.

Tinasankha yachidule. Abwana anawapatsa tchuthi, mabafa atatu aja ndinawatenga ine pamwamba pa kusita, msana n'kumalira. Achemwali anakhala pakhomo manja ali nyezinyezi ndi mafuta, atawaveka masokosi kuti asaiwale n'kugwira kanthu. Ndinkawaseka kuti, "Adona, tiyi ndikumwetseni kapena?" Iwo ankangomwetulira, koma ndinkaona kuti kukhala kukuwapweteka kuposa ntchito. Pa tsiku lakhumi tinatulutsa zala zija padzuwa n'kuziyang'anitsitsa. Timizere tinali titayamba kuoneka, tating'ono ngati ta khanda. Anaimbira mwana kumuuza kuti, "Pirira pang'ono, ndikubwera."

Pa tsiku lakhumi ndi chiwiri, Loweruka, mkamwini anaimba m'mawa ine nditapita kale kuntchito. Anati mwana amulowetsa m'chipinda cha odwala mwakayakaya ndipo sakuyankhulanso. Achemwali anali okha m'nyumba.

Pobwera masana ndinaonera patali. Zingwe zonse zitatu zinali zodzaza. Mabulangete, makatani, nsalu zapatebulo, ngakhale zovala zimene ndinali nditasita dzulo lake. Fungo la mankhwala oyeretsera linandilonjera pachipata. Iwo anali atakhala pakhonde, manja ali pamiyendo, oyera mbuu, atakwinyika.

"Achemwali, mwatani?"

"Sindikudziwa," anatero. "Ndangozindikira zili pachingwe."

Ndinawakalipira. Mawu amene ndinanena tsiku limenelo sindingawabwereze, ndipo amandiwawa mpaka lero. Ndinawauza kuti mwana akafa osawaona, asadzaloze munthu chala. Anangodzuka n'kuyamba kwanula zimene zinali zitauma, n'kumapinda bwinobwino ngodya kwa ngodya.

Lolemba tinapitabe. Kamakina kanayaka kofiira kakhumi. Mtsikana uja anayesa mobwereza mpaka anthu a pambuyo pathu anayamba kung'ung'udza, kenako anatilembera kapepala ka kwa adokotala. Lachinayi, tisanapeze n'komwe kalatayo, mwana anatisiya.

Anamuika konko. Ife tinaonera pafoni itatsamira kapu patebulo, chithunzi chikudukaduka. Thupi anasambitsa anthu amene sitikuwadziwa. Achemwali anafunsa mkamwini funso limodzi lokha, ngati anamupesa tsitsi. Iye anati sakudziwa.

Masabata atatu otsatira abale anadzaza m'nyumba, ndipo palibe anawalola kugwira ngakhale supuni. Akati aimirire, wina ankawakhazika pansi. Anthu atabalalika, m'mawa wina achemwali anavala diresi yawo yabwino n'kundipeza ndikutsuka mkamwa.

"Ndiperekeze ku ofesi ya mapasipoti kuja."

"Kukatani, achemwali?"

"Ndinamuuza kuti ndikubwera."

Sindinatsutse.

Tinakhalanso pamabenchi omwe aja. Mtsikana wa magalasi anatizindikira tisanafike n'komwe patebulo. Achemwali anaika chala chachikulu, kamakina kanayaka kobiriwira. Chachiwiri, kobiriwira. Zonse khumi zinalowa kamodzikamodzi, osapumira mpweya, osasisita pachipumi. Mtsikanayo anasangalala ngati ndi mayi ake, mpaka anaitana mnzake wa tebulo lina kuti adzaone.

"Mwaona, mayi, ndinakuuzani. Ulendo uno mwapumitsadi manja."

"Ndapumitsa, mwanawe."

Ine ndinayang'ana kukhoma, misozi ikungotsika. Ndinafuna kumuuza za maliro, koma achemwali anandigwira bondo pansi pa tebulo.

Mtsikanayo anatenga cholembera.

"Ilipo pasipoti yachangu, imatuluka masiku asanu, ndipo ilipo ya masiku onse, imatenga mwezi. Ndilembe yachangu, eti? Paja munati mwana akudwala."

Achemwali anapukuta kagalasi kaja ndi nsonga ya mpango, pamene zala zawo zinasiya mafuta.

"Lembani ya masiku onse," anatero. "Amene ndikukamuonayo sachokapo pamene ali."