Mandimu Pamwamba pa Paipi ya Boma

Tsiku limene amalume ankagula nyumba ku Cannington, mumzinda wa Perth kunja kuno, mapepala anapatsa ine kuti ndiwawerengere, eti poti ndine wa ku yunivesite. Mapepala ake okhuthala, oti mutha kukwerapo nʼkusintha babu. Ine ndinali nditangoweruka kushopu ku Morley, ndili wefuwefu. Ndinawerenga tsamba loyamba, lachiwiri, kenako zilembo zinayamba kuyenda ngati linthumbu. Ndinangoti, "Zonse zili bwino amalume, sainani." Iwo nʼkusaina.

Mkatimo munali kamapu, kamzere kodukizadukiza kakudutsa kuseri kwa nyumba. Ine ndinkayesa ndi mpanda.

Mdzukulu wawo woyamba atabadwa, mchombo utagwa, anti, akazi awo a amalume, anaukulunga mʼkansalu nʼkukaukwirira kuseriko. Amalume anadzala mandimu pamwamba pake.

"Mwanayu azidzatiyankha Chingerezi, tikudziwa," anatero amalume. "Koma azidzadziwa pamene pali mchombo wake."

Mtengo unakula, mandimu ake ngati mitu ya ana. Chabwino, ngati zibakera.

Ndiye mʼmawa wina kunabwera azibambo a zamadzi atavala majekete achikasu, katalakita kokumbira kali pambuyo. Kalata akuti anatumiza kale. Inalidi pamwamba pa firiji, pansi pa mapepala otsatsa pitsa. Kamzere kaja sikanali mpanda, inali paipi ya zonyansa ya msewu wonse, ndipo inali itaphulika pansi penipeni pa mandimu athu.

Amalume anatuluka ndi yunifolomu yawo yosamalira okalamba.

"Iwe, auze kuti malo ano ndi anga. Ndinagula ndi msana uwu."

"Amva kale amalume, akuti akudziwa."

"Ndiye chipukuta misozi?"

Mkulu wawo anangotulutsa kamapu komwe kaja, nʼkuloza ndi chala. Amalume anayangʼana mapu, anayangʼana ine. Ndikanakonda paipiyo ikanandimeza.

Azibambowo anatipatsa masiku awiri. Tinaimbira mwana wa mayi wina wa kutchalitchi, amene ndi loya. Anati malo ndi anudi, palibe akukulandani, koma mʼkamzeremo a zamadzi ali ndi ufulu wokumba nthawi ina iliyonse, ndipo munagula zili choncho.

"Ndiye kuti ndinagula pamwamba pokha?" anafunsa amalume.

"Tingotero, bambo."

"Kumudzi anatidutsitsira msewu mʼmunda, osatipatsa ngakhale moni. Ndimati kuno nʼkwina." Anadula foni.

Masiku awiriwo tinakumba tokha. Anti anatenga sefa ya ufa nʼkumasefa mchenga, kufuna kansalu kaja. Mchenga wa Perth mukuudziwa, umadya chilichonse. Ndinakumba mpaka ndinkaona Indonesia pansi pa dzenje. Tinapeza zitsekero za mabotolo, msomali, ndi supuni imene ankati ndinataya ine. Mchombo ayi.

"Anti, mwina wasanduka mandimu, tinamwa kale mu tiyi."

"Khala chete, wowerenga mapepala iwe."

Pomaliza anti anati tingotenga mchenga wonse wozungulira mizu, penapake uli momwemo. Tinadula mgolo wapulasitiki pakati, tinathiramo mchengawo ndi mtengo womwe, nʼkukokera pakhonde.

Azibambo aja anakumba, anakonza paipi yawo, anakwirira. Pamwamba anayala kapinga wobwera atakulungidwa ngati mkeka, nʼkutiuza mwaulemu kuti tisadzalenso mtengo pamenepo. Anti anawapatsabe madzi ozizira.

Amalume sanandikalipire, ndipo zimenezo ndiye zinandipweteka. Anangoti, "Uzithirira iwe."

Mtengo unayoyola masamba onse, unatsala ndodo. Ndimathirirabe ndikaweruka, maso ali lende. Mdzukulu uja tsopano amathamanga, ndipo tsiku lina anandifunsa mʼChingerezi chake chija chifukwa chimene ndimamwetsera ndodo. Ndinamuuza kuti kwanu ndi mu mgolomu. Anasuzumiramo, anandiyangʼana, nʼkupita kukandinenera kwa agogo ake kuti ndayambanso bodza.