Masaki Anga Atatu

Munthu amene anandiwonongera mpira ndi amalume a Mbewe, ndipo anachita zimenezi atavala suti, ambulera ili m'manja, osaponda ngakhale udzu wa m'bwalo. Chida chawo chinali liwu limodzi lachingerezi limene ankaganiza kuti akulidziwa. Si amalume anga amagazi ayi. Kuno ku Sheffield mwamuna aliyense wa ku Ntcheu amene amapemphera tchalitchi chimodzi ndi mayi ako amasanduka mlongo wawo, iwe umangouzidwa kuti kapereke moni. A Mbewewa anabwera kudzaphunzira, anatenga madigiri awiri, n'kukhazikika mu ofesi. Popeza bambo anga anatsala kumudzi, kalata iliyonse yovuta yochokera kukhonsolo kapena kusukulu mayi ankapita nayo kwa a Mbewe.

Ndikukumbukira ndinali ndi zaka khumi ndi zisanu, thupi lalikulu, mtima wapachala. Makalata a ndewu ochokera kusukulu ankafika pakhomo pathu kawirikawiri kuposa mapepala otsatsa piza. Mayi ndi nesi. Ankabwera kuchokera kuwodi miyendo itatupa, n'kupeza envulopu ina ikuwadikira pamphasa yapakhomo. Sankakalipa kwambiri. Ankangoiyang'ana, n'kundiyang'ana ine, kenako n'kuimbira foni amalume.

Amene ananditengera ku mpira wa ku America ndi Masauso, mnzanga wa ku Chipata, wa tchalitchi chathu chomwecho. Tsiku lina tili kumbuyo kwa basi anandiuza m'chinyanja chake chija kuti, "Iwe, umenyera chani anthu mahala? Kuli malo kwamene ukagwetsa munthu akuombera m'manja."

Bwalo lake linali pamwamba pa phiri, kumene basi imafika ikulira ngati ikupempha chikhululuko. Mphepo ya kumeneko inkalowa mpaka m'mano. Anandipatsa chisoti chimene chinadutsa pamitu ya anyamata osawerengeka, fungo lake ngati sokosi yoiwalika m'chikwama, ndi kamphira koluma kuti mano asaguluke. Zotchinga mapewa zinandisandutsa kabati. Nditadziona pagalasi la galimoto ya kochi ndinadzikonda nthawi yomweyo.

Kwa amene simukuudziwa, mpirawu umaoneka ngati papaya, ndipo timu iliyonse imakhala ndi magulu awiri. Lina limapita nawo kutsogolo, lina limatchinga. Ife otchinga ntchito yathu sinali mpira, inali munthu. Mbali inayo kumakhala mnyamata mmodzi woponya mpira, amene anzake amamuteteza ngati dzira. Ukaboola mpandawo n'kumugwetsa mpira udakali m'manja mwake, imeneyo amati saki. Ndiwo ulemerero wonse wa wotchinga. Ndipo mukawalepheretsa adaniwo, nonse otchinga mumatuluka m'bwalo kuti gulu lanu lopita kutsogolo lilowe.

Kochi wathu anali mzungu wamfupi, khosi ngati chitsa, wokonza mapaipi mkati mwa sabata. Dzina langa la Dalitso linkamulemera pakamwa, ankangoti Dal. Anandiphunzitsa kuwerama dzanja limodzi lili m'matope, osasuntha ngakhale wina akutukwane amako, mpaka mpira utayenda. Wezulo ikalira, basi, umamukweza amene wamugwetsayo. Ndinkabwerera kunyumba nditatheratu, mkwiyo wonse nditausiya m'matope aja. Makalata a kusukulu anayamba kuchepa. Mayi ankati ndi mapemphero.

Kenako panabwera fomu. Kunali malo ena kummwera kumene amasankha anyamata kuti aziphunzira uku akusulidwa pa mpira umenewu, ndipo kochi anasankha awiri oti akayesedwe: ine ndi Masauso. Chofunika chinali siginecha ya kholo basi. Bambo ake a Masauso anasainira pabonati ya galimoto, osawerenga n'komwe. Mayi anga anaitembenuza uku ndi uku, anaona mawu onena za kuvulala mutu, n'kunena kuti, "Sindisaina chinthu chimene sindinachione." Loweruka limenelo anali pashifiti. Ndiye anatuma maso awo, amalume a Mbewe.

Tsikulo kunali kamvula kowaza kaja kosatha. Amalume anaima m'mphepete mwa bwalo, buluku la suti atalipisa m'sokosi, nkhope ngati ali pamaliro a munthu wosamudziwa. Ine ndinati lero aona. Ndinasewera ngati ndadya moto. Woponya wa timu inayo anali kamnyamata kataliko, ka tsitsi lofiira, ndipo ndinakapeza katatu konse. Kachitatu ndinamva mpweya ukutuluka m'chifuwa chake ngati tayala loboka, kenako kanandiuza kali pansi kuti, "Iwenso? Ulibe kwanu?" Ndinakakweza tonse tikuseka. Nthawi zonse zitatuzo unali mwayi wawo womaliza wopita kutsogolo, ndiye wezulo ikalira otchinga tonse tinkathamangira kunja, ine ndi Masauso tikugundanitsa zisoti.

Masewera atatha, kochi anapita kukagwira amalume chanza, n'kuwagwedeza mpaka ambulera inatsala pang'ono kugwa. Chingerezi cha kuno mumachidziwa, mawu amamezedwa theka. Chimene chinamveka bwino ndi chakuti, "Masaki atatu tsiku limodzi. Mwana ngati uyu sindinamuonepo." Amalume anagwedeza mutu pang'onopang'ono, n'kuyankha kuti akafotokoza zonse kunyumba. M'basi sanandilankhule. Ine ndinkati ndi kunyada kwa anthu ophunzira, kumene sikutuluka pakamwa.

Tinapeza mayi atangofika, yunifolomu asanavule. Anawira tiyi. Ine ndinakhala pansi pafupi ndi chitseko, matope adakali m'makutu, ndikudikira kuyamikiridwa.

"Achemwali," anatero amalume, "ndaona ndi maso angawa. Mwanayu mpira sanaukhudze ngakhale kamodzi. Anzake akuthamangira mpira, iye akuthamangira munthu. Katatu wagwetsa mwana wa eni ake, yemweyemweyo, ndipo katatu konse wezulo yalira, amutulutsa m'bwalo. Mphunzitsi wawo wanena yekha kuti chiyambire sanaonepo mwana wotere. Saki katatu. Inu mumagwira ntchito kuno, saki mukuidziwa."

Mayi saki ankaidziwa. Kuchipatala munthu akapatsidwa saki ndiye kuti ntchito yatha, nyamula katundu.

"Katatu?" anafunsa motsitsa mawu.

"Ndipo akamutulutsa sachita manyazi. Akukamenyana mitu ndi mwana wa ku Zambia uja."

Ndinati, "Mayi, si choncho ayi." Anandiyankha kuti akuluakulu akulankhula.

Apa ndiye pamene ndimadziimba mlandu. Foni inali m'thumba mwanga. Ndikanadikira tiyi athe, n'kuwaonetsa mayi kuti saki ya mpira ndi chiyani, nkhani ikanathera pomwepo. Koma munganene bwanji kwa munthu wa madigiri awiri, pamaso pa mayi anu, kuti Chingerezi chawadutsa? Chichewa ndi Chingerezi zinapanikizana pakhomo limodzi, palibe chimene chinatuluka. Chimene chinatuluka ndi chibakera. Ndinamenya chitseko cha kakabati ka pansi pa masitepe, ndipo zitseko za nyumba za kuno ndi makatoni opaka utoto. Dzanja linalowa mpaka m'chigongono.

Amalume anapsontha tiyi wawo. "Mwaonatu."

Fomu sinasainidwe. Kochi anaimba kawiri, mayi anamuthokoza mwaulemu n'kumuuza kuti banja lagwirizana kale. Ine ndinanyanyala ngati mwana wokana chakudya poganiza kuti akulanga ophika. Ndinabweza chisoti, sindinayankhenso mafoni a kochi, ndipo nkhaniyi sindinaitchulenso m'nyumba. Makalata a ndewu anabwerera. Nditangolemba mayeso a chaka chotsatira, sukulu ndinaitsanzika, nayonso sinandilire.

Masauso anapita, anamutenga. Chaka choyamba anangokhalira benchi, ankandiimbira akudandaula kuti kumeneko aliyense ndi wamkulu ngati firiji. Kenako anayamba kulowa, kenako bondo linaduka mtsempha, chaka chathunthu akuyendera ndodo. Anthu anati zake zatha. Anabwerera wochepa liwiro koma wochenjera, wodziwa kuwerenga mapazi a munthu asanasunthe. Lero ali ku Germany, amalipidwa chifukwa chogwetsa anthu, ndipo ndiye mtsogoleri wa otchinga mu timu yawo. Ine ndimatsitsa katundu m'malole kunyumba yosungira zinthu, mpunga, ufa, anyezi. Akaimba foni moni wake ndi womwewo: "Bwana, lero masaka angati?" Ndimamutukwana, timaseka.

Zinthu zasintha. Mpira umene kale unali wa anyamata makumi awiri ozizidwa paphiri, lero uli pa TV Lamlungu lililonse nyengo yake ikafika. Ana a kutchalitchi kwathu amavala malaya a manambala akuluakulu aja, atsikana akusewera wokokerana nsalu m'chiuno, makolo akusaina mafomu mosavuta. Ine ntchito ndili nayo, sindidandaula kwambiri, ndipo mwina bondo loduka likanakhala langa. Chimene chinkandiwawa zaka zonsezi ndi chimodzi. Alendo akabwera, mayi akafuna kufotokoza za mtima wanga, ankati, "Uyu anamuchotsa ngakhale kumasewera omenyana." Ankanena moseka, anthu n'kuseka, ine n'kutuluka panja.

Mwezi watha, tikuchokera kutchalitchi, makolo a Masauso anaitana anthu kukaonera masewera a mwana wawo pa TV. Pabalaza panadzaza, mpunga, nkhuku, mandasi, azimayi akufunsa kuti mpirawo uli kuti. Mayi anakhala pampando wa pakona, mbale ili pamiyendo. Chapakati pa masewera Masauso anazemba munthu wake, n'kumukolopola woponya mpira pansi. Nyumba inagwedezeka.

Pamenepo amalume a Mbewe, imvi tsopano zili mbuu, anaimirira mwendo wa nkhuku uli m'manja kuti aphunzitse mpingo.

"Imeneyo ndiye timati saki. Ndi chinthu chovuta zedi, si aliyense. Wotchinga akachita kamodzi kokha pamasewera, ameneyo ndi katswiri. Mwaona akutuluka m'bwalomo? Musaganize kuti amuchotsa ayi. Wamaliza ntchito yake. Ine mwanayu ndinamuona kalekale akuyamba kumene."

Mayi ankagwedeza mutu, akumvetsera ngati ulaliki.

Ndinayang'ana zitseko za m'nyumbamo, zonse zinali za eni ake. Ndiye ndinaika mbale yanga pansi, ndinapukuta m'manja, ndinadutsa pakati pa miyendo ya anthu n'kukagwada pafupi ndi amalume, monga mwana woleredwa bwino. Wina anachepetsa TV.

"Amalume, mwafotokoza bwino kwambiri, ngakhale kochi sangafike pamenepo. Mayi anga ndi awo akhala pakonawo. Tabwerezani pang'onopang'ono kuti amve, kenako muwauze kuti ine tsiku lija ndinachita angati."