Tadala wamwa mafuta ku Italy

Mwaswera bwanji nonse. Mitima ikhale pansi, mlongo wathu Tadala ali bwino.

M'mawa uno tikusoka fodya m'chigafa, Tadala anatumiza vidiyo kuchokera ku Italy komwe ali pasukulu. Ali pakati pa azungu, akumwa mafuta ophikira m'kakapu, kenako n'kuyamba kutsokomola mpaka misozi. Vidiyo n'kuima pomwepo, netiweki yathawa.

Amayi anangoti khu pansi. "Mayo, mwana wanga wamwa tameki!" Paja kuno munthu timamumwetsa mafuta akamwa mankhwala a m'munda.

Ndinapalasa njinga mpaka pa Chulu kukasaka netiweki. Kumuimbira, mwini wake akuseka! Akuti anali paulendo wa njinga zoyendera batire, ndipo wowatsogolera anawapititsa kumunda wa maolivi kukalawa mafuta. Ati ukatsokomola ndiye kuti mafutawo ndi abwino. Ine ndili wefuwefu, iye akundinyadira kuti njinga yakeyo imakwera yokha chitunda.

Amayi tsopano adya, koma alamula kuti Tadala akadzabwera ku holide, botolo la mafuta tizidzabisa. Inu mukuti bwanji, timuuziretu kapena adzangoona yekha?