Tsiku Limene a Bonongwe Ananyamula Achimwene Anga

Ndinadzidzimuka kusanache, miyendo itachita dzanzi chifukwa chogona chokhala m'nyumba ya siwa. Amayi a kwaya anali atasasa mawu. Panja azibambo anali atazinga moto, manja m'khwapa. Kuzizira kwa Juni kwathu kuno ku Kabwazi sikudziwa kuti pali maliro.

M'bokosimo munali achimwene anga. Iwo ankalemba masewero a pa kanema, kusankha ochita, n'kuwatsogolera pojambula. Anayamba ndi kamera yobwereka, kutijambula ife alongo awo tikukumba kachewere, ife n'kumawaseka kuti ntchito ya aulesi. Koma amayi athu sanaphonyepo sewero lawo ngakhale limodzi.

Dzuwa litakwera pang'ono, nkhungu isanachoke, anthu anayamba kukhamukira, a njinga ochokera ku Linthipe, a magalimoto ochokera ku Lilongwe. Kenaka pa minibasi ina panatsika bambo wamtali wadazi. Kumoto kumene ankaphika nyemba, zipande zinaima.

"A Bonongwe!" anatero mayi wina.

Limenelo si dzina lawo ayi, ndi la m'sewero. M'sewero lotchuka la achimwene, a Bonongwe anali malume wankhanza, wolanda katundu wa akazi amasiye maliro ali m'nyumba. Ndiye tangoganizani, munthu ameneyo n'kutulukira pamaliro enieni! Azakhali anathamanga kukakiya kuchipinda, kiyi n'kumangirira pachitenje. Ine chisoni chili apo, phwete linatsala pang'ono kundithawa.

Amayi sanaseke. Anandikoka mkono.

"Ameneyo asakhudze bokosi la mwana wanga."

Ndinayesa kunena kuti zija n'zongosewera. Anangotembenukira kukhoma. Uthenga unafika kwa adzukulu, ndipo bambo aja anakakhala okha patsinde la pichesi, chipewa pabondo, popanda wowapatsa moni.

Nthawi ya Misa alamu anga, akazi a malemu, anandinong'oneza misozi ili chuchuchu. Anati miyezi yonse ija achimwene ali gone kuchipatala, wowasambitsa ndi kuwatembenuza anali bambo omwewo. Ndipo achimwene anawalonjezetsa kuti adzawanyamule mpaka kumanda. Abale inu, mtima unandipweteka. Ndinakwawa ndi maondo kukauza amayi.

Mwambo utatha, bokosi linatuluka. Kamvula kowaza kanayamba, njira ya kumanda n'kuterera. Amuna ankalandizana bokosi, bambo aja akutsatira m'mbali, manja akuwatambasula n'kuwabwezanso. Titafika pa mtsetse wa kudimba, amayi anaima. Gulu lonse linaima nawo.

"Muuzeni agwireko," anatero. "Koma ndikumuona."

Bambo aja anagwira kumutu kwa bokosi, ndipo sanalolenso kulandiridwa mpaka kumanda. Nsapato zawo zinathera m'matope. Ankalira mokweza, kukamwa yasa, nkhope yomwe ija tinkaitukwana pa kanema Lamlungu lililonse.

Madzulo anthu atabalalika, bambo aja anabwera kudzatsanzika, atanjuta pakhomo. Pabwalo panali phulusa ndi mabenchi a kutchalitchi basi. Amayi anawayang'ana nthawi yaitali.

"Mawu oipa aja mumanena pa kanema, amakuphunzitsani ndani?"

"Ankalemba ndi mwana wanu, mayi. Onse. Ndikalakwitsa ngakhale amodzi, ankandibwerezetsa mpaka dzuwa kulowa."

Amayi anasuntha pamphasa, kuwasiyira malo.

"Lowani. Tawanenaninso."

Bambo aja anandiyang'ana, ine n'kugwedeza mutu. Anapukuta m'maso, kukwinya chipumi, n'kuloza kabati yathu ndi chipewa: "Chilichonse muno n'chathu, ndi mphaka yemwe!"

Amayi anaseka mpaka kutsokomola, kenaka anaphimba nkhope ndi mpango.

"Ndi iyeyo," anatero. "Ankayankhula choncho ali mwana, akamalanda anzake chimanga chootcha. Nenaninso ena."

Minibasi ya ku Lilongwe inaliza hutala kumsewu, n'kuliza, mpaka inanyamuka. M'nyumba munali zii, kupatula mawu a achimwene anga akutuluka pakamwa pa a Bonongwe.